Chitseko cha Che Bwanali

Amjomba anga, Che Bwanali, telala wa pa Nayuchi, anamwalira Lachiwiri m'mawa, ndipo pofika swala, pemphero la masana, anali ataikidwa kale. Uthenga unandipeza ku Blantyre. Ndinafika mawa lake n'kupeza dothi la pamanda litayamba kuuma. Sindinadandaule, kwawo kwa amayi ndi Asilamu ndipo maliro sagona. Komanso kunena zoona, ndinalibe nkhope yoti n'kuonetsa pa maliro amenewo. Sabata yatha tinachita sadaka ya arobaini, ya masiku makumi anayi, ndipo kumeneko ndinamva zimene zandisowetsa mtendere mpaka ndatenga cholembera.

Ana a pa Nayuchi dzina loti Bwanali salidziwa. Amawadziwa kuti Che Loko. Dzina limenelo ndinawapatsa ndine, ngakhale silinatuluke pakamwa panga. Linachokera m'kafilimu ka mphindi khumi ndi ziwiri kamene ndinajambula zaka zinayi zapitazo. Ndifikako, musathamange. Poyamba ndikufuna mumuone munthuyo, chifukwa m'kafilimuko muli nkhope yawo yokha.

Anali munthu wamfupi, wa miyendo ya matewe, mzuli, kachipewa kawo ka Chisilamu, utapendekera ku khutu lamanzere. M'kamwa mwawo simunkasowa mapini, moti ankalankhula ndi mbali imodzi ya mlomo, ndipo anthu ambiri ankaganiza kuti akwiya pamene akungopereka moni. Ankasokera pakhonde la kanyumba ka chipinda chimodzi, m'mbali mwa msewu wopita kumanda. Miyezo sankalemba. Ankakuzunguliza tepi kamodzi, n'kung'ung'udza m'Chiyao, basi yalowa m'mutu. Patapita zaka zitatu ankatha kukuuza kuti m'chiuno wawonjezera mainchesi awiri, ndipo ankakuuza pagulu.

Mkangano wawo wa chaka ndi chaka unali wa mayunifolomu. Sukulu zikamatsegulidwa pakhondepo pankadzaza amayi ndi ana awo, ndipo yunifolomu iliyonse inkatuluka yaikulu.

"Che Bwanali, ili ndi diresi kapena thumba la chimanga?" mayi wina anafunsa ine ndili pomwepo, mwana wake atamira mpaka m'akakolo.

Anamuyankha kuti iwo amasokera mwana wa chaka chamawa, wa leroyu n'ngongodutsa. Mayiyo analalata, anatenga diresi lake n'kulumbira kuti sadzabweranso. Chaka chotsatira anabwera ndi mng'ono wake wa mwanayo. Kuyeza ana kunali kukoma kwa ntchito yawo. Ankawauza kuti atambasule manja, n'kuwagirigisha ndi tepi m'khwapa mpaka mwana agwe ndi phwete, iwo nkhope ili gwa ngati sakudziwa chimene chachitika.

Kaunjika ankadana naye koopsa. Ankati munthu wanzeru savala malaya amene sakudziwa kuti mwini wake anafa ndi chiyani. Koma theka la tsiku lawo linkathera pa kuchepetsa mathalauza a kaunjika omwewo, akutukwana msoko uliwonse. Tsiku la sitima amalonda ankabwera ndi zitenje za ku Mozambiki, iwo ankanyambita chala n'kutikita pa nsalu. Chala chikasintha mtundu, wamalondayo ankachoka ndi manyazi msika wonse ukumva.

Kalekale, ine ndisanabadwe, akuba anawabera mutu wa makina. Atapeza wina, analumbira kuti makina awo sadzagonanso okha, ndipo kuyambira pamenepo mphasa yawo inali m'kanyumbako. Akazi awo, Abiti Saidi, ankati makinawo ndi mkazi mnzawo, ndipo ndi amene anapambana. Masana akamapita ku mzikiti ankangokoka chitseko n'kutsamiritsa njerwa. Ankati wakuba wa masana ndi m'bale wako, umupeza.

Pamwamba pa thandala pankakhala mpukutu wa nsalu yoyera umene sunkakhudzidwa ndi wina aliyense. Munthu akamwalira m'deralo, wa uthenga ankafika kwa iwo asanafike kwa ashehe. Ankangofunsa ngati ndi wamkulu kapena mwana, mwamuna kapena mkazi, n'kutsitsa mpukutuwo kung'amba sanda. Ndipo panalibe maliro odutsa pamsewupo amene sanawaperekeze. Akangomva sikiri, mawu aja amuna amabwereza ponyamula jeneza, chithatha cha maliro, phazi linkachoka pa makina pomwepo ngakhale msoko uli pakati. Ankafunditsa makinawo chitenje n'kulowa m'gulu mpaka kumanda. Ngakhale bokosi la Akhirisitu ankaliperekeza, mzuli uli kumutu, ataima kumbuyo. Ine ndinkaona ngati ndi kupembedza chabe. Akuluakulu ankanong'onezana kuti munthuyu ali ndi chimene akupepesa, koma sankanena pamaso panga.

Chimene ndinkadziwa n'chakuti iwo ndi mng'ono wawo, Che Yusufu, sankadyera mbale imodzi. Zaka makumi awiri ndi ziwiri! Pa Idi ankapatsana salamu ya pakamwa, maso ali kwina. Che Yusufu akafuna kanzu ankakwera njinga kukasoketsa kwa Kawinga, kudutsa pakhonde la mkulu wawo ngati palibe munthu. Ndinafunsapo kamodzi chimene anayambanirana. Amjomba anandiuza kuti ndiwapatse sizasi.

Amayi anga anali mlongo wawo wotsiriza. Anakwatiwa ndi Mkatolika wa ku Utale, bambo atamwalira ine ndili kumsana anabwerera kwawo. Nawonso anamwalira ine ndili ndi zaka zisanu ndi chimodzi. Atatha arobaini yawo, azakhali anga a ku Utale anabwera pa sitima kudzanditenga kuti ndikayambe sukulu kumeneko, ndipo amjomba analola. Ku Nayuchi ndinali Mariamu, ku Utale ndinakhala Maria. Chaka chilichonse pankabwera kaphukusi ndi munthu wa pa sitima, m'katimo muli diresi la zigamba za zitenje zosiyanasiyana, lalikulu ngati nthawi zonse. Ndinkalivala, koma zikomo sindinatumizepo, chifukwa ndinali nawo chifukwa amjombawo.

Za tsiku la maliro a amayi ndinkakumbukira zinthu zitatu. Mdima wa m'kanyumba kawo masanasana, zenera litatsekedwa. Chitseko chokana kutseguka ine ndikuchimenya. Ndi phokoso la makina osokera. Ndinafika ku Utale n'kuuza azakhali kuti amjomba ananditsekera m'nyumba ya mdima kuti ndisaone amayi. Azakhali anali kale ndi mkwiyo wawo, poti anafika patapita masiku awiri n'kupeza zonse zitatha osawadikira. Nkhani yangayo anailandira ndi manja awiri. Ankaifotokozera alendo ine ndili pomwepo, ndipo ikamabwerezedwa inkanenepa. Panabwera loko. Panabwera msana wa amjomba akuchoka osacheuka. Pofika zaka khumi, lokoyo ndinkamuona bwinobwino m'maso mwanga, wachikasu, wa makiyi awiri.

Ku koleji ku Blantyre atatiuza kuti aliyense ajambule kafilimu ka zimene zinamuchitikira ali mwana, sindinavutike kuganiza. Ndinakwera ulendo wa ku Nayuchi ndi mnzanga wogwira kamera. Ndinawafotokozera amjomba nkhani yonse osabisa, kuti mwana wamwalira mayi ake, mjomba wake akumutsekera ndi loko n'kuchoka, ndipo ndikufuna mjombayo akhale iwo eni ake. Ndivomere pano: sindinkafuna filimu yokha. Ndinkafuna agwe nkhope. Ndinkafuna andipepese.

Anamvetsera akusoka. Nditatha anafunsa, "Zimenezi ukhoza nazo mayeso?"

"Eya, amjomba."

"Basi."

Tsiku lojambula tinabwereka kamtsikana ka apaneba kuti kakhale ine. Ndinali nditagula loko wachikasu, ngati wa m'mutu mwanga uja. Titafika pachitseko, amjomba anandikodola.

"Mariamu, chitseko ichi chilibe pokoleka loko."

"Ndaona. Tigula kachitsulo tikhomepo."

"Sichinakhalepo nako chikhalire. Chimatsekedwa m'kati, ndi uwu." Analowa n'kutuluka ndi mpiringidzo, mtengo wakuda wosalala chifukwa chogwiridwagwiridwa, n'kundionetsa.

Dzuwa linali likupendeka, batire ya kamera ikutha, anthu atatizungulira kuonerera, ndipo ine ndinali nditavala matama a mwana wa ku koleji. Mtima unandipsa. Ndinati mokweza, aliyense akumva:

"Amjomba, amene anali m'katimo ndi ine kapena ndi inu?"

Abiti Saidi, amene anali ataima chapatali ndi ndowa, anaitula pansi. Amjomba anandiyang'ana. Kenako anachotsa mapini m'kamwa, imodzi imodzi, n'kuwabaya pa kolala.

"Chambone," anavomera m'Chiyao. "Unali iwe."

Kachitsuloko anakakhoma okha. Anayeza ndi tepi, analemba ndi choko cha telala, n'kukhoma misomali inayi mowongoka bwino, poti ntchito yokhota sankaifuna ngakhale ikhale yowanyozetsa. Ine ndinaima pambali ndikumva kukoma kuti ndawagonjetsa.

Tinabwereza kasanu. Ankayenera kukankhira mwana m'kati, kukoleka loko, n'kuchoka osacheuka. Koma kamtsikanako kakangoyamba kulira n'kumenya chitseko monga tinakaphunzitsira, khosi lawo linkatembenuka lokha. Ulendo wachitatu anabwerera n'kutsegula, akuti aone ngati mwanayo ali bwino.

"Amjomba, mwationongera! Akungochita sewero ameneyo. Limbitsani nkhope, ndipo musacheuke!"

Ulendo wachisanu sanacheuke. Msana umene uli m'filimumo ndi umenewo.

Pomaliza ndinawapempha kuti apalase makina, tijambule phokoso loti lidzamveke mwana ali mumdima. Anafunsa ngati aike ulusi. Ndinati iyayi, tikungofuna phokoso. Anagwedeza mutu, anachotsa ulusi, n'kuyamba kupalasa ndi phazi limodzi lokha, linalo litakhazikika pansi. Ndinawauza kuti zakwana. Sanamve, anapalasabe mpaka mnzanga uja anazimitsa zonse n'kuyamba kulongedza.

Ndinakhoza, ndipo ndinakhoza bwino. Aphunzitsi anayamikira kwambiri phokoso la makina mumdima muja, anati limeneli ndiye luso. Atandifunsa kuti ndinaliganiza bwanji, ndinayankha monyada kuti sindinaliganize, ndinkangolikumbukira. Filimuyo inaonetsedwa m'tauni kangapo, anthu analira, ena anandikumbatira. Ndinamuikira msuweni wanga wina m'foni kuti akaonetse abale. Sabata ziwiri sizinathe, inali itafika m'nyumba ya kanema ya pamsika pa Nayuchi, ndipo kuchoka apo inalowa m'foni iliyonse.

Abale inu, ana alibe chisoni. Ankadutsa pochokera kusukulu n'kumenya chitseko chija ndi zikhatho akulira monyogodola, "Tsegulani, Che Loko! Tsegulani!" n'kuthawa. Amayi anayamba kuopseza ana osamva kuti akawasiya kwa Che Loko. Sukulu zitatsegulidwa chaka chimenecho, ambiri anangobweretsa kachingwe komanga mfundo m'malo mobweretsa mwana woti ayezedwe, chifukwa ana ankakana kufika pakhondepo. Munthu amene ankagirigisha ana ndi tepi anayamba kuyeza zingwe.

Abiti Saidi anandiimbira foni kamodzi. "Mariamu, bwera udzaone chimene wachita."

"Mayi, ine ndangonena zimene zinachitika."

Anadula foni.

Amjombawo ndinawaona komaliza chaka chatha. Anali ataonda, maso atayamba kuchita khungu moti ulusi ankaulowetsa pa singano mongopapasa. Anandizunguliza tepi ine osapempha, anati ku tauni sindikudya. Kenako anafunsa ngati mayeso aja ndinakhoza. Nditavomera anati basi, ndiye kuti loko anagwira ntchito yake. Nthawi yomweyo kamnyamata kena kanadutsa n'kukuwa dzina lija. Ine ndinayang'ana m'foni ngati sindinamve. Ndimadzida ndikakumbukira kuyang'ana m'foni kumeneko.

Tsopano za sabata yatha. Sadaka itatha, alendo atayamba kubalalika chakumadzulo dzuwa likadalipo, ndinali kuseri ndi Abiti Saidi tikutsuka mbale. Analankhula osandiyang'ana.

"Filimu yako ija ndinaionera kamodzi. Ndili ndi funso limodzi, poti iwe ndiwe wophunzira."

"Funsani, mayi."

"Mwana ali yekha mumdima, mjomba wake wakoleka loko wapita. Nanga makina akulirawo akupalasa ndani?"

Mbale inandipulumuka n'kugwera m'beseni. Zaka makumi awiri ndi ziwiri ndakhala ndi phokoso limenelo m'mutu, ndinalijambula, ndinalandira nalo ulemu, koma funso limeneli silinandifikepo ngakhale tsiku limodzi.

Anandifotokozera akutsukabe. M'mawa wa tsiku la maliro a amayi amjomba anang'amba sanda ya mlongo wawo ndi manja awo. Amayi akuluakulu akusambitsa thupi, ine ndinazemba n'kusuzumira kuseri kwa nsalu yotchinga. Ndinakuwa, ndinaluma anthu, palibe anatha kundigwira. Amjomba anandinyamula kupita nane ku kanyumba kawo kuti ndikatonthole, akuganiza kuti abwerera msanga. Iwo ndiwo anali mwini mbumba. Mwa mwambo wathu, iwo ndiwo ankayenera kutsikira m'manda kukalandira mlongo wawo ndi kumugoneka chammbali. Ntchito imeneyo mwamuna saipatsa mnzake ali moyo.

Koma jeneza itanyamuka, sikiri inayamba kumveka ikubwera ndi msewu. Ine ndinathamangira kuchitseko, iwo anaika mpiringidzo kuti ndisatulukire pakati pa amuna onyamula amayi. Ndinamenya chitseko mpaka manja anatupa. Kenako ndinakwawira pansi pa makina n'kukumbatira mwendo wawo wamanzere, ndikunena kuti musandisiye, musandisiye. Anayamba kupalasa ndi phazi linalo kuti phokoso liphimbe sikiri. Akangoleka, mawu aja ankamveka, ine n'kuyambanso kukuwa. Ndiye sanaleke.

Gulu lonse linadutsa pakhomopo likumva makina akulira. Mlongo wake ali pa jeneza, telala akusoka! Che Yusufu anachoka m'gulu n'kugogoda. Makina sanaleke. Anatsikira m'manda ndi iwo Che Yusufu m'malo mwa mkulu wawo, ndipo sanawakhululukire. Amayi a pamaliro ankaganiza kuti mwana ali kwa apaneba, panalibe anadziwa kuti ndili m'menemo.

"Ndinabwera ine anthu atabwerako kumanda," anatero Abiti Saidi. "Ananditsegulira ndi dzanja limodzi, atatambasuka, poopa kusuntha mwendo. Iwe unali utagona uli chiugwirire. Pa makina panalibe nsalu, panalibe ulusi. Nkhope yawo yonse inali misozi yokhayokha."

"Nanga bwanji sananene? Zaka zonsezi!"

"Anandilumbiritsa. Ankati ndikanena, anthu adzati mwana uyu ndi amene anamanitsa mayi ake manja a mlongo wake m'manda, ndipo iwe udzakula ukumva zimenezo. Anati bola azinena iwo, ali ndi khungu lokhuthala." Anatsanula madzi a m'beseni. "Komanso unkawadziwa kuuma mutu kwawo. Yusufu atawatukwana pagulu, anati sangadzichepetse kukafotokoza kwa mwana wamng'ono kwa iwo."

"Koma ine akanandiuza, mayi. Ine ndekha."

Apa ndiye anandiyang'ana. "Anakuuza. Anakutulutsira mpiringidzo. Iwe unawafunsa kuti anali m'katimo ndani."

Ndinalira ngati mwana, kuseri kwa nyumba, manja ali ndi sopo. Ndinawakwiyiranso amjombawo, ndisaname. Munthu wanji wolola kukhoma yekha misomali ya bodza pa chitseko chake? Akanandikalipira, akanandithamangitsa ndi kamera yangayo! Koma mkwiyo umenewo sukhalitsa, chifukwa ndikudziwa chimene ndinawafunsa ndi mmene ndinafunsira, pamaso pa anthu. Kuti ayankhe zoona, akanayenera kundiuza pagulu lomwelo kuti sanaike mlongo wawo chifukwa cha ine. Anasankha kuti ndikhoze mayeso.

Madzulo omwewo ndinapita kwa Che Yusufu. Ndinawapeza atakhala pa mkeka akusenda chinangwa. Iwo ndiwo anatsikira m'manda kulandira mkulu wawo masiku makumi anayi apitawo, poti mwambo sufunsa ngati munkayankhulana. Ndinagwada n'kuwauza zonse.

Mpeni unaima. "Mwanayo anali pati?"

"Pansi pa makina. Ndinali nditagwira mwendo wawo."

"Ndinagogoda katatu," anatero. "Kachitatu ndinamutchula galu. Gulu lonse linamva." Anavula mzuli n'kuphimba nawo nkhope. Atauchotsa anati Lachisanu akaimirira mu mzikiti n'kuuza amuna anzawo. Kenako anandiloza ndi mpeni uja. "Akuluakulu ndiwauza ine. Nanga ana a m'mafoniwa awauza ndani?"

Filimuyo ndaichotsa paliponse pamene dzanja langa likufika, koma ili m'matumba a anthu kuyambira ku Nayuchi mpaka kutsidya kwa malire, ndipo singabwezedwe. Chimene ndingathe ndi ichi ndikulembachi. Amene munaonera, dziwani kuti msana uja ndi wa munthu amene anacheuka kanayi, ine n'kumuletsa. Dzina lake ndi Bwanali.

Ndisanakwere ulendo wobwerera ndinapita pa kanyumbako. Makina anawasamutsira kunyumba kwa Abiti Saidi, amagona pafupi ndi mphasa yawo tsopano. Pakhonde patsala timaenje tinayi pamene miyendo ya makina inadya simenti, ndi mapini angapo m'ming'alu. Njerwa ija ikadali pakona. Ndinasuzumira pa mpata wa zenera. Mpukutu wa nsalu yoyera uli pathandala, watsala pang'ono, ndipo mpiringidzo wautsamiritsa kukhoma.

Pachitseko pali kachitsulo kaja, misomali inayi yowongoka, kachizindikiro ka choko kakuonekabe m'mbali. Pakolekedwa loko wanga wachikasu. Ndinapempha Abiti Saidi kuti andibwereke hamala ndikazule.

"Kasiye," anatero. "Ndizitseka ndi chiyani? Wotsekera m'kati uja kulibe."